Samu ya nkhani: mmene mungatulutsiremo ma equation awiri

M'khola muli nkhuku ndi mbuzi. Mitu yonse ilipo 26, miyendo ilipo 70. Nkhuku ndi zingati, mbuzi ndi zingati?

Funso limeneli ndimalilemba pabolodi tikafika pa mutu wa simultaneous equations (ma equation awiri amene amasovedwa pamodzi kuti tipeze nambala ziwiri zosadziwika), ndipo chaka ndi chaka zochitika zake ndi zomwezomwezo. Ana amene dzulo lake ankasova ma equation awiri mosavuta amangoti kakasi, uku akuluma bolopeni. Pakapita mphindi zingapo wina kumbuyo amakweza mkono: "Sala, mungotipatsa ma equation akewo, kusovako tisova."

Vuto lagona pamenepo. Kusova akudziwa, koma pa mayeso a MANEB palibe adzawapatse ma equation. Adzapatsidwa nkhani, m'Chingerezi, ndipo ntchito yotulutsamo ma equation idzakhala yawo. Zimene ndalemba panozi ndi njira imene ndimayenda nawo, ndipo kholo kapena mkulu wake wa mwana akhoza kuitsatira kunyumba, ngakhale masamu anawasiya kalekale.

Poyamba, ikani bolopeni pansi

Werengani funso lonse kawiri musanalembe chilichonse. Ulendo wachiwiriwo yambirani kumapeto, pamene pali mawu akuti "find" kapena "how many" kapena "calculate". Pamenepo ndiye pamakuuzani zinthu ziwiri zimene zikufunidwa. M'funso lathu ndi kuchuluka kwa nkhuku ndi kuchuluka kwa mbuzi.

Mukatero, tsekani buku ndipo fotokozani nkhaniyo m'Chichewa, ngati mukuuza agogo. Mwana amene walephera kufotokoza kuti m'nkhanimo mukuchitika chiyani, asapitirire. Sanafike pa masamu, adakali pa Chingerezi, ndipo mankhwala ake ndi kumasulira funsolo mawu ndi mawu mpaka limveke. Ndaona ana ambiri akudzitcha mbuli pa masamu pamene chowapinga ndi mawu amodzi okha, monga "altogether" kapena "exceeds".

Chachiwiri, tchulani zilembo, ndipo muzitchule mokwanira

Apa ndi pamene ndimakangana kwambiri ndi ana. Ambiri amalemba kuti x = nkhuku, y = mbuzi. Ndikachonga ndimafunsa pambali kuti, nkhuku yake iti, yathazi kapena tambala? Chilembo sichiimira nyama. Chimaimira nambala. Nkhuku simungaichulukitse ndi 2, koma kuchuluka kwa nkhuku mungathe. Choncho lembani chiganizo chathunthu:

x ndi kuchuluka kwa nkhuku.
y ndi kuchuluka kwa mbuzi.

Zimaoneka ngati kutaya nthawi, koma si choncho. M'funso la kumsika, mwana amene walemba kuti "x = mandasi" sadziwa ngati x ndi mtengo wa ndasi imodzi, kapena kuchuluka kwa mandasi, kapena ndalama zonse zimene zapita ku mandasi. Zitatuzi ndi nambala zosiyana, ndipo akafika pakati amazisakaniza. Amene walemba kuti "x ndi mtengo wa ndasi imodzi m'makwacha" wadzitsekera njira yosokera. Onaninso mawu akuti "m'makwacha". Muyeso uzilembedwa pomwepo: makwacha, zaka, mamita, makilomita pa ola.

Palibe lamulo loti zilembo zikhale x ndi y. Chinangokhala chizolowezi chimene chinafala kuchokera kwa René Descartes wa ku France, amene m'chaka cha 1637 ankagwiritsa ntchito zilembo zakumapeto kwa alifabeti poimira nambala zosadziwika. Mukafuna n ndi m, palibe cholakwa. Ine kwa oyamba kumene ndimakonda x ndi y, chifukwa n amakopa mwana kumuwerenga kuti "nkhuku" basi, n'kuiwala kuti ndi nambala. Zilembo o ndi l zipeweni, zimafanana ndi 0 ndi 1, makamaka polemba mothamanga.

Chachitatu, pezani mfundo ziwiri, ndipo iliyonse iwerenge chinthu chimodzi

Zosadziwika zikakhala ziwiri, nkhaniyo iyenera kukupatsani mfundo ziwiri zosiyana. Equation si china koma chiganizo chonena kuti ichi ndi chofanana ndi icho. Ili ngati sikelo ya mbale ziwiri: mbali iyi nyemba, mbali iyo mwala wa kilogalamu, ndipo zalingana.

M'khola lathu mfundo yoyamba ikunena za mitu. Nyama iliyonse ili ndi mutu umodzi, ndiye mitu ya nkhuku ndi x, mitu ya mbuzi ndi y:

x + y = 26

Mfundo yachiwiri ikunena za miyendo. Nkhuku iliyonse ili ndi miyendo iwiri, ndiye nkhuku x zili ndi miyendo 2x. Mbuzi y zili ndi miyendo 4y:

2x + 4y = 70

Lamulo limene ndimafuna mwana aligwiritsitse ndi ili: m'equation imodzi, zonse ziziwerenga chinthu chimodzi. Ya mitu ikhale ya mitu kuyambira kumanzere mpaka kumanja. Ya miyendo ikhale ya miyendo. Amene walemba x + y = 70 waika nyama mbali ina, miyendo mbali ina, ngati wogulitsa amene akuyeza nyemba ndi tepi ya telala. Ndimawauza kuti kumapeto kwa equation iliyonse alembe ndi pensulo mawu amodzi onena chimene ikuwerenga: mitu, miyendo, ndalama, zaka. Amene walephera kupeza mawuwo, equation yake ili ndi vuto.

Mafunso ambiri a mtundu umenewu ndi khola lomweli litangovala malaya ena. Msungichuma wa banki m'khonde watolera K60,000 m'ndalama zapepala 18, zina za K2,000, zina za K5,000. Za mtundu uliwonse zilipo zingati? Mapepala 18 aja ndiwo mitu, makwacha ndiwo miyendo. Tinene kuti x ndi kuchuluka kwa ma K2,000, y ndi kuchuluka kwa ma K5,000:

x + y = 18
2,000x + 5,000y = 60,000

Yachiwiriyo igaweni ndi 1,000 kuti ma ziro asakuzunguzeni, ikhale 2x + 5y = 60. Yankho lake ndi ma K2,000 okwana 10 ndi ma K5,000 okwana 8.

Mukakanika: ganizirani yankho labodza, muliyese

Iyi ndi njira imene yapulumutsa ana anga ambiri kuposa ina iliyonse, ndiye ndichedwapo pang'ono.

Mwana amene sakutha kulemba equation nthawi zambiri amatha kuona ngati yankho lili lolondola kapena ayi. Ndiye ndimamuuza kuti angotchula nambala iliyonse. "Tinene kuti nkhuku zilipo 10, mbuzi 16. Ndi zoona?" Iye amayamba: mitu 10 kuphatikiza 16, yakwana 26, apo zili bwino. Miyendo, nkhuku 10 kuchulukitsa ndi 2, ndi 20. Mbuzi 16 kuchulukitsa ndi 4, ndi 64. Zonse pamodzi 84. "Ayi sala, zapitirira, amafuna 70."

Ndimamuuza kuti alembe zimene wachitazo pa mzere umodzi, osasova:

2 × 10 + 4 × 16, zimayenera kukwana 70.

Tsopano afufute 10 aikepo x, afufute 16 aikepo y. Chotsala ndi 2x + 4y = 70. Equation walemba yekha, osadziwa kuti akulemba. Nthawi zambiri pamenepa mwana amandiyang'ana ngati ndamuchita matsenga, koma palibe chachilendo: equation ndi mayeso amene yankho loona liyenera kukhoza, ndipo iye mayesowo amawadziwa kale m'mutu mwake.

Posankha nambala zabodzazo, pewani zimene zili kale m'funso. Mukasankha 2 kapena 4 pa funso la miyendoli, pofufuta simudziwa kuti 4 wa miyendo ndi uti, 4 wanu wongopeka ndi uti. Pewaninso 1 ndi 0, chifukwa amabisa zolakwa.

Tiyese pa funso la kumsika. Mmisiri wagula mandasi atatu ndi makapu awiri a tiyi, walipira K1,400. Anzake awiri pamodzi agula mandasi anayi ndi makapu atatu, alipira K2,000. Mitengoyi ndangoipeka kuti samu ituluke bwino, musakakangane nayo ndi amayi a mandasi. Tiyerekeze kuti ndasi ndi K150, tiyi K350. Mmisiri akanalipira 3 × 150 + 2 × 350. Tichotsepo zabodzazo: ngati x ndi mtengo wa ndasi imodzi ndipo y ndi mtengo wa kapu imodzi, zonse m'makwacha,

3x + 2y = 1,400
4x + 3y = 2,000

Onani kusiyana kwake ndi za khola zija. Kuja zilembo zimaimira kuchuluka kwa zinthu, ndipo equation imodzi inali yongophatikiza x ndi y. Kuno zilembo zikuimira mitengo, ndipo ma equation onse awiri akuwerenga ndalama, wina za ulendo woyamba, wina za ulendo wachiwiri. Mwana amene analoweza kuti "yoyamba imakhala x + y" amagwa pamenepa.

Misampha ya mawu

Ana ena anauzidwa kuti akaona "more" aziphatikiza, akaona "less" azichotsa, akaona "times" azichulukitsa, ndipo azilemba motsata mmene mawu abwerera. Malangizo amenewa amagwira ntchito masiku ena, masiku ena amakuponyani m'dzenje.

Tengani chiganizo ichi: "There are three times as many chickens as goats." Wotsata mawu amaona "three times", kenaka "chickens", kenaka "goats", n'kulemba 3x = y. Zatembenuzika. Yesani ndi nambala: mbuzi zikakhala 5, nkhuku ndi 15. Kodi 3 × 15 ndi 5? Ayi. Zoona ndi x = 3y. Bwererani ku sikelo ija. Mbali imene yapepuka ndiyo timawonjezera kuti ilingane ndi inzake. Mbuzi ndizo zochepa, ndiye ndizo zofunika kuchulukitsa ndi 3 kuti zifike pa nkhuku. Cholakwa chimenechi si cha ana ofooka okha. Ndaonapo ana anzeru kwambiri akuchichita, ndipo inenso ndikamathamanga ndimayamba ndayesa ndi nambala ndisanakhulupirire dzanja langa.

Chimodzimodzi "5 less than x". Mawu ayamba ndi 5, koma samu yake ndi x − 5, osati 5 − x. M'Chichewa sizisokoneza: ngati mng'ono wanga ndimamuposa ndi zaka 5, zaka zake ndi zanga kuchotsapo 5. Palibe angaganize zochotsa zaka zanga pa 5. Funso loyenera kudzifunsa nthawi zonse ndi lakuti, wamkulu ndani pa awiriwa? Mukadziwa wamkulu, equation imadzilemba yokha: wamkulu ndi wofanana ndi wamng'ono kuphatikiza kusiyana kwawo.

Msampha wina uli pa mafunso a zaka zakubadwa. Panopa zaka za mayi ndi zochuluka kanayi kuposa za mwana wawo. Pakapita zaka 4, zidzakhala zochuluka katatu. Aliyense ali ndi zaka zingati? Tinene kuti x ndi zaka za mayi panopa, y ndi zaka za mwana panopa. Mawu akuti "panopa" musawasiye. Mfundo yoyamba ndi x = 4y. Pa yachiwiri jambulani katebulo ka mizere iwiri, wa lero ndi wa m'tsogolo. Lero mayi x, mwana y. Pakapita zaka 4, mayi x + 4, mwana y + 4. Ambiri amakulitsa mayi okha, mwana n'kumusiya pomwepo ngati nthawi ikumudumpha. Ena amawakulitsa onse koma amaiwala mabulaketi, n'kulemba x + 4 = 3y + 4. Chimene chikuchulukitsidwa katatu ndi zaka zonse za mwana pa nthawiyo, osati za lero zokha:

x = 4y
x + 4 = 3(y + 4)

Mwana ali ndi zaka 8, mayi 32. Pakapita zaka 4 adzakhala 12 ndi 36, ndipo 36 ndi 12 katatu.

Mafunso opatsana zinthu ali ndi vuto lofananalo. Mkulu akuuza mng'ono wake kuti, "Ndikakupatsa mbuzi zitatu, tikhala ndi zofanana. Koma iwe ukandipatsa zitatu, zanga zikhala zochuluka kawiri kuposa zako." Mbuzi ikachoka m'khola lina imakalowa m'khola lina, siisowa m'malere. Ndiye kupatsana kulikonse kumasintha mbali zonse ziwiri. Ngati x ndi mbuzi za mkulu ndipo y ndi za mng'ono:

x − 3 = y + 3
x + 3 = 2(y − 3)

Mkulu ali ndi 21, mng'ono 15. Mukafuna kuti mwana amvetse msanga, tolani timiyala kapena zitsekerero za mabotolo, muike milu iwiri patebulo, asunthe yekha zitatuzo aone mulu wina ukuchepa pamene wina ukukula.

Mfundo zimene funso silinena

Palibe pamene funso la khola linanena kuti mbuzi ili ndi miyendo inayi. Linangoyembekezera kuti mukudziwa. Mukawerenga funso n'kuona ngati mfundo ndi imodzi yokha, kapena nambala zikuchepa, fufuzani chimene wolemba akuganiza kuti aliyense amachidziwa.

Timu yasewera magemu 14 osagonja, ndipo ili ndi mapointi 32. Yapambana kangati, yafanana mphamvu kangati? Anyamata amene amagona m'kalasi amadzuka pa funso ili, chifukwa amadziwa kuti kupambana ndi mapointi atatu, kufanana mphamvu ndi imodzi. Ndiye ngati x ndi kuchuluka kwa magemu amene yapambana ndipo y ndi kuchuluka kwa amene yafanana mphamvu, x + y = 14 ndi 3x + y = 32, ndipo yapambana ka 9, yafanana mphamvu ka 5. Mawu akuti "osagonja" ndi amene akutilola kunena kuti x ndi y akukwana 14. Akanapanda kukhalapo, pakanakhala chosadziwika chachitatu.

Pa munda wa makona anayi, kuzungulira konse ndi m'litali kawiri kuphatikiza m'lifupi kawiri, osati kamodzikamodzi. Pa nambala ya madijiti awiri, monga 47, dijiti yoyamba ikuimira makumi. Ndiye ngati yoyamba ndi x ndipo yachiwiri ndi y, nambalayo ndi 10x + y, osati xy, pakuti xy m'masamu ndi x kuchulukitsa ndi y. Mukaitembenuza imakhala 10y + x. Funso likati madijiti akaphatikizidwa akukwana 11, ndipo nambalayo ikatembenuzidwa ikukula ndi 27, mulemba x + y = 11 ndi 10y + x = 10x + y + 27. Yachiwiriyo mukaikonza imatsala y − x = 3, ndipo nambala yake ndi 47 yomweyo.

Palinso za liwiro. Boti likuyenda makilomita 18 pa mtsinje wa Shire kutsika cha ku Liwonde, motsata madzi, ndipo latenga ola limodzi ndi mphindi 30. Pobwerera, molimbana ndi madzi, latenga maola awiri ndi mphindi 15. Pezani liwiro la boti pa madzi odekha ndi liwiro la madzi. Mfundo yobisika ndi yakuti potsika madzi amakankha boti, ndiye maliwiro awiriwo amaphatikizana, pokwera madzi amalibweza, ndiye amachotsana. Ndipo mtunda ndi liwiro kuchulukitsa ndi nthawi. Koma msampha weniweni uli pa nthawi. Ola limodzi ndi mphindi 30 si 1.30, ndi maola 1.5, chifukwa ola lili ndi mphindi 60, osati 100. Maola awiri ndi mphindi 15 ndi 2.25. Ngati x ndi liwiro la boti ndipo y ndi la madzi, m'makilomita pa ola:

1.5(x + y) = 18
2.25(x − y) = 18

Mukagawa, zimatsala x + y = 12 ndi x − y = 8. Boti ndi makilomita 10 pa ola, madzi 2. Musanalembe equation iliyonse, onetsetsani kuti miyeso yonse yafanana: maola okhaokha kapena mphindi zokhazokha, mamita okhaokha kapena masentimita okhaokha.

Kodi ma equation anuwo ndi awiridi?

Nthawi zina mwana amalemba mfundo imodzi kawiri, n'kumaganiza kuti wapeza awiri. Mandasi awiri ndi tiyi mmodzi K800, mandasi anayi ndi makapu awiri K1,600. Yachiwiriyi sinanene chatsopano, yangobwereza yoyamba kawiri. Mukayesa kusova, zonse zimafafanizika n'kutsala 0 = 0. Mukaona zimenezi musadandaule kuti mwalakwitsa kuchotsera. Bwererani ku nkhani, pali chiganizo chimene simunachigwiritse ntchito. Njira yosavuta ndiyo kudula mzere pansi pa chiganizo chilichonse mukangochisandutsa equation. Chimene chatsala chopanda mzere, ndicho mukuchifuna.

Kusova

Apa sindichedwapo, chifukwa ambiri amapatha. Konzani ma equation anu kuti x akhale pansi pa x, y pansi pa y, nambala kumanja, ndipo muwapatse manambala, woyamba ndi wachiwiri. Ngati chilembo china chaima kale pachokha, monga x = 4y pa funso la mayi ndi mwana, gwiritsani ntchito substitution: paliponse pali x ikanipo 4y. Ngati onse awiri ali ngati a mandasi aja, elimination, njira yofafaniza chilembo chimodzi pochotsa equation ina pa inzake, ndiyo yachangu. Woyamba muchulukitse ndi 3, wachiwiri ndi 2, kuti ma y afanane:

9x + 6y = 4,200
8x + 6y = 4,000

Mukachotsa, x = 200. Bwezerani 200 m'equation yoyamba: 600 + 2y = 1,400, ndiye y = 400. Pochulukitsa musaiwale nambala ya kumanja, ndiyo imene imasiyidwa kawirikawiri.

Za khola zija: chulukitsani x + y = 26 ndi 2, mupeza 2x + 2y = 52. Chotsani pa 2x + 4y = 70, patsala 2y = 18. Mbuzi 9, nkhuku 17.

Pomaliza, bwererani ku nkhani, osati ku equation

Ana ambiri amayesa yankho lawo m'ma equation amene alemba okha. Izi zimangoonetsa kuti asova bwino. Ngati equation inalakwika poyamba, yankho lolakwika lidzagwirizana nayo bwinobwino, ngati mboni yabodza ndi woigula. Yesani m'mawu a funso. Nkhuku 17 ndi mbuzi 9, mitu 26, inde. Miyendo 34 ndi 36, yakwana 70, inde.

Dzifunseninso ngati yankholo lingachitike padziko pano. Mayi sangachepe zaka kwa mwana wawo. Mtengo wa ndasi sungakhale negative. Kuchuluka kwa anthu kapena nyama sikungakhale ndi theka. Inenso zinandichitikira: tsiku lina ndinapeka funso la khola ndili chiimire pabolodi, osaliyesa kaye, ndipo titasova tonse mbuzi zinatuluka 7 ndi theka. Ndili mkati mofufuza pamene talakwitsa, mtsikana wina kutsogolo anati, "Sala, theka linalo ndiye kuti anadyera nsima." Kalasi yonse inafa ndi phwete. Sitinalakwitse kusova, funso langalo ndilo linali lopunduka. Pa mayeso enieni mafunso amakhala oyesedwa kale, ndiye mukapeza theka la mbuzi, dziwani kuti equation ina yapotoka, ndipo koyamba kukayang'ana ndi ku mabulaketi ndi ku ziganizo za "times as many".

Yankho lilembedwe m'mawu, ndi muyeso wake. "x = 200" si yankho la funso, chifukwa funso silinafunse za x. Lembani kuti ndasi imodzi ndi K200, kapu ya tiyi ndi K400. Onaninso ngati anafunsa zinthu ziwirizo kapena china chochokera pa izo, monga mtengo wa mandasi 10 ndi makapu 5, pakuti ambiri amaima atapeza x ndi y, ntchito isanathe. Ndipo ngakhale nthawi itakutherani, lembani zilembo zanu ndi ma equation awiriwo. Ine pochonga ndimapereka malikisi pa zimenezo, ngakhale yankho lisanafikidwe.

Kwa amene mukuthandiza mwana kunyumba, nali funso loti muyambire madzulo ano. Si langa, linalembedwa ku China zaka zoposa 1,500 zapitazo, ndipo ana a kumeneko amalidziwa mpaka lero. M'khola limodzi muli akalulu ndi mbalame zonga nkhwali. Kumwamba kukuoneka mitu 35, pansi miyendo 94. Musamupatse ma equation. Muuzeni atchule nambala zabodza, aziyese, kenaka afufute aikepo zilembo. Akapeza mbalame 23 ndi akalulu 12, mufunseni awerenge miyendo mokweza kuti mumve ngati yakwana 94.